Chiboo cha Amake Hopewell

Ku Matanki, mvula ikagwa, madzi ako ndi a mnzakonso. Dera lathuli linakhala pamtsetse kuseri kwa Chitakale, phiri lili kumutu, khwawa lili kumapazi. Madzi a padenga la munthu wakumtunda amatsikira pabwalo la womutsatira, a ameneyo n'kutsikira kwa winanso, mpaka onse akafike kukhwawa. N'chifukwa chake aliyense pomanga mpanda wa njerwa amasiya chiboo pansi penipeni pa khoma lakumunsi, choti mutu wa mwana n'kulowa, kuti madzi azipitiriza ulendo wawo. Palibe anazilemba papepala zimenezi. Aliyense amangozidziwa, ndipo inenso ndinkazidziwa, ndisaname.

Pamene ine ndi amuna anga a Wyson tinkasamukira kuno kuchokera ku Chonde, nyumba zinalipo khumi ndi imodzi basi. Kwina konseku kunali nthochi ndi zinanazi, ndipo madzi ambiri nthaka inkamwa yokha. Lero angawerenge ndani? Opuma ntchito kumaesiteti a tiyi, aphunzitsi, akabaza, a kaunjika, achibale a ku Milanje, tsidya la Mozambiki, obwera kudzacheza sabata imodzi n'kutha zaka zitatu, tonse tinathithikana momwemu. Pabwalo lililonse anadzazapo zipinda za lendi, malata kugundana ndi malata, tinjira n'kutsala toti mukakumana awiri wina ayende chammbali. Koma masana mungadabwe, kumangoti zii. Anthu onse aja amakhala atabalalika kukasaka chakudya, kutsala okalamba, makanda ndi agalu.

Malo atatha, anthu anayamba kubwereka khoma. Umamanga makoma atatu okha, lachinayi n'kukhala mpanda wa mnzako wakumtunda. Ifenso tinatero apongozi anga a Isake atadwala sitiroko. Anapuwala mbali yonse yakumanja, pakamwa n'kupotoka, ndipo Chichewa chinawathawa, kutsala Chilomwe chokhachokha cha kuubwana wawo, chomwe ine ndimangomva apo ndi apo. Tinawamangira kachipinda kotsamira mpanda wa amake Hopewell, mayi wamasiye amene ali kumtunda kwathu, bedi n'kuliika kukhoma komweko chifukwa n'kozizira bwino nthawi yotentha. A Wyson ali ku Joni chaka chachitatu tsopano, ndiye odwalawo anatsala m'manja mwanga. Sindinadandaulepo, chifukwa madala amenewa ananditenga ngati mwana wawo kuyambira tsiku limene ndinalowa m'banjamo.

Nyengo ya kuno ili ndi khalidwe lake. Mwezi wa Juni chiperoni chimatha sabata chikungowaza, zovala kuchita nkhungu zili pachingwe. Okutobala akafika ndiye dzuwa loswa mtengo, malata kumangolira okha padenga. Koma mvula yeniyeni imaphikidwa paphiri, ndipo pobwera siodira. Chichokereni namondwe wa Freddy uja, zipsera zoyera zikuonekabe pomwe napolo anadutsa, moti mtambo ukangoda pamwambapo anthu amasiya nkhani pakati n'kuyamba kuyang'ana. Ine ndemwe ndinkayang'ana nawo.

Mkangano unayamba amake Hopewell atawonjezera zipinda zinayi pabwalo pawo. Anthu awo a lendi sankadikira mvula ayi. Madzi otsukira mbale, osambira, ochapira matewera, onse ankangokhuthula pansi n'kutsata chiboo, kudzatulukira kwanga, sitepe imodzi yokha kuchokera pakona ya chipinda cha apongozi. Ntchentche ndiye musanene, fungo loti uzidya utagwira mphuno. Ndinapitako kawiri mwaulemu, kuodira bwinobwino, kukhala pansi, kufotokoza. Ulendo wachitatu anandiyankha ali chiimire kuti chiboocho anachisiya ndi malemu amuna awo ine ndisanalote n'komwe zobwera ku Matanki, ndipo ngati sindikufuna za anthu akumtunda ndikapemphe poloti pamwamba pa Sapitwa. Anthu awo a lendi anafa nako kuseka. Ine mtima wanga ndi wapachala, aliyense kuno akudziwa. Ndinawauza zambiri tsiku limenelo, zina zokhudza malemuwo zomwe sindingabwereze pano, ndipo nditangofika kunyumba nambala yawo ndinaifufuta m'foni.

Lamulungu lotsatira, anthu akukonzekera za kutchalitchi, ine ndinati mutu ukundipweteka. Mwana wanga Tiyamike atangotuluka pageti, kumtundanso kutati zii, ndinatenga zidutswa za njerwa ndi simenti yoyeza pa kilo imene ndinagula kuhadiweya, n'kugwada pachiboo paja. Ndinakankhira njerwa mkati, kuthira simenti, kusalaza ndi supuni yakale. Ndinachita mochenjera, kutsekera chakumbali yanga, kuti iwo akasuzumira aziona mdima ngati kale. Mumtima ndinkati awaone madzi awo akununkha pakhomo pawo sabata imodzi yokha, abwere adzapepese, ine ndidzagumule. Unali mwezi wa Novembala, kumwamba kuli mbee, ndipo anthu pamsika ankanena kuti chaka chino mvula ichedwa. Lolemba ndi Lachiwiri pabwalo panga panauma gwa, ndinachita kuyalapo mphasa.

Lachitatu m'mawa ndinawamwetsa phala apongozi, n'kuwagoneka atayang'ana kukhoma chifukwa kuwala kwa pawindo kumawapweteka maso. Tiyamike anapita kusekondale, kumene amaweruka cha m'ma thili koloko. Ndinakhoma geti ndi loko monga mwa masiku onse, poti akuba a masana anatisowetsa mtendere kuno, n'kupita kubenchi kwanga pa Chitakale kumene ndimagulitsa zinanazi ndi nthochi.

Cha m'ma leveni kunatentha modabwitsa, kamphepo konse kanasiya. Kenako phiri linasowa. Sindikukokomeza, unali mtambo wakuda bii kuchokera pansi mpaka kumwamba, ndipo mvula tinaimva ikubwera ngati lole isanatifike. Itagwa pamalata a msika sitinkamvananso. Anthu anathamangira m'mashedi, ndipo amene anadzausa pabenchi panga anali a Kingstone, mmisiri yemwe anatimangira kachipinda ka apongozi kaja.

Onani kupusa kwanga tsono. Ndinali wokondwa. Ndinawakokera a Kingstone pafupi n'kuwauza kukhutu, ndikuseka, kuti lero amake Hopewell asambira pakhomo pawo pomwe. Ndinawafotokozera zonse, za njerwa, za simenti, ngakhale za supuni. Iwo sanaseke. Anandiyang'ana nthawi yaitali ndithu, madzi akudontha pachipewa chawo.

"Mayi, mpanda uja ndi wa njerwa imodzi, womangira dothi. Madzi a nyumba zonse zakumtunda zija akaima kuseri kwake sabwerera kuphiri. Ukamagwa, ugwera kwanu."

Kenako anandifunsa.

"Bedi la madala lija munalisuntha?"

Ndinali ndisanalisunthe. Ndinasolola foni mwaphuma moti inagwera m'dengu la nthochi. Ndiimbire ndani? Kusukulu kwa Tiyamike salola mafoni. Akumunsi kwathu ndi aphunzitsi, onse awiri anali kuntchito. Munthu mmodzi yekha amene ndinkadziwa kuti masana amakhala pakhomo anali yemwe ndinamutukwanira mwamuna wake wakumanda, ndipo nambala yake ndinali nditaifufuta ndi chala changa chomwechi. Ndinakaipeza pagulu la pa Watsapu lomwe timauziranapo za maliro a m'dera. Ndinaimba, inaitana mpaka kuduka. Ndinaimbanso, chimodzimodzi. Kachitatu ndinanyonyomala kuseri kwa matumba a makala kuti phokoso lichepe, n'kujambula mawu.

"Amake Hopewell, ndine Lizzie. Chiboo chija ndinachitseka ndi simenti Lamulungu. Ndalakwa, mudzanditukwane mawa. Bambo ali m'chipinda, geti ndakhoma. Chonde, chonde."

Uthenga unapita, koma sanautsegule. A Kingstone anandiimitsira wakabaza n'kunena kuti ndisachedwenso, iwo anditsatira akakatenga nyundo kumene akugwira ntchito. Zinanazi zanga ndinazisiya pomwepo osauza munthu.

Wakabaza ananditula pakhwawa n'kunena kuti iye ali ndi ana, sapitirira. Kuchokera pamenepo kufika kwathu ndi mphindi zisanu zokha, koma kamlatho kathu ka matabwa kanali katamira. Madzi anali ngati tiyi wamkaka, atanyamula mitengo ya nthochi, majumbo, chitseko cha chimbudzi cha munthu, ndipo pansi pake miyala inkamveka ikugubuduzika. Ndinakwinya chitenje n'kuponda. Bambo wina amene sindikumudziwa anandigwira mkono n'kundikokera kumbuyo, akundifunsa ngati ndapenga. Ndinamutukwana nayenso, Mulungu andikhululukire, koma sanandisiye mpaka nditalonjeza kuti ndizungulira njira yakumtunda.

Njira imeneyi imakwera m'mphepete mwa munda wa tiyi, kukaoloka pamlatho wa simenti pafupi ndi matanki akale aja amene anapatsa dera lathu dzina, kenako n'kutsika. Kukacha bwino ndi ulendo wa mphindi makumi anayi. Masilipasi ndinawataya poyambirira pomwe. Ndinagwa kangati sindikudziwa, dothi la kuno likanyowa limaterera ngati sopo. Njira yonse m'mutu munali chinthu chimodzi, kuti ndawagoneka atayang'ana kukhoma. Sangatembenuke okha. Ngati madzi ayamba kuchucha m'ming'alu akuwaona ndi maso awo, ndipo ngakhale aitane, angawamve ndani m'mvula yotereyi? Munthu wathyola tiyi zaka makumi atatu, wapulumuka nkhondo ya kwawo ku Mozambiki, wapulumuka sitiroko, lero afere pabedi chifukwa cha madzi otsukira mbale.  Ndinayesa kukonza mawu oti ndikawauze a Wyson pafoni, koma palibe limodzi linabwera. Ndinkangoima, kupukuta foni pabulauzi yonyowa kale, kuyang'ana. Uthenga uja unali usanatsegulidwebe.

Nditafika pamatanki mvula inali itayamba kuchepa, ndipo ndinaliona dera lonse pansi panga, malata okhaokha mpaka kukhwawa, popanda ndi kachigamba komwe ka dothi loti limwe madzi. Zaka zonsezi ndinali ndisanaliyang'anepo chonchi. Chiboo chilichonse chinkalavula ngati mpope, nyumba kupatsira nyumba, ndipo ndinayamba kuwerenga mabwalo amene madzi ake amakathera kwa amake Hopewell. Nditafika pa naini ndinasiya. Denga langa ndinalisaka osalipeza, malata onse amafanana. Ndinatsika kanjira kathu madzi ali m'mawondo, ndikugwirira makoma a anthu.

Ukamachokera kumtunda, geti loyamba kulipeza ndi la amake Hopewell, ndipo bwalo lawo limatsetserekera kumpanda kuja. Geti linali lotsegula. Ndinalowa ndikupemphera kuti ndione dziwe. Inde, dziwe lomwe ndinkaseka nalo pamsika lija tsopano ndinkalipempha kwa Mulungu, chifukwa dziwe likanatanthauza kuti mpanda ukadali chiimire.

Munalibe madzi. Matope okhaokha, ndi mzere wofiira pazitseko za anthu a lendi wolekeza m'chiuno. Pomwe panali mpanda ndinkaona bwalo langa, chingwe changa cha zovala, khomo langa. Kachipinda ka apongozi kanali mulu wa njerwa, malata atapindikira pamwamba, ndipo mwendo umodzi wa bedi unatulukira pambali. Pakati pa zonsezo chigamba changa cha simenti chinali chili gwa, osasweka ngakhale pang'ono.

 Ndinakwawira pamulu paja n'kuyamba kufukula ndi manja, ndikuitana bambo, bambo, ndikuponya njerwa kumbuyo osayang'ana. Zikhadabo zinathyoka koma sindinamve kanthu. Ndinapeza pilo. Ndinapeza ngodya ya bulangete lawo lofiira, ndipo ndinaopa kulikoka.

"Make Tiya, siya zimenezo. Ali kuno."

Anali amake Hopewell, ataima pakhonde la nyumba yawo yaikulu, matope mpaka m'khosi, phazi limodzi atalimanga ndi nsanza yamagazi. Chikhalireni ku Matanki anali asananditchulepo kuti iwe.

Apongozi anali pasofa m'chipinda chochezera, atawafunditsa zitenje ziwiri, akunjenjemera, koma amoyo. M'nyumbamo madzi anali atalowanso. Thumba la ufa linali phala, mabuku a Hopewell akuyandama pakona, matiresi atamwa madzi mpaka kulemera. Ndinagwada m'matope momwemo.

Amake Hopewell anakhala pamkono wa sofa n'kufotokoza osandiyang'ana. Foni anali ataisiya kuchipinda, sanaimve n'komwe. Ataona madzi akukwera anaganiza kuti majumbo atseka chiboo, ndiye anatenga nsungwi n'kulowa m'madzimo kuti akatokose. Anthu a lendi onse anali kuntchito, panalibe woti awathandize. Kenako anatembenuka n'kundiyang'ana m'maso.

"Nsungwi itagunda simenti ndinadziwa kuti ndiwe. Ndisakunamize, make Tiya, ndinaima kaye. Ndinati mumtima, aone yekha zimene wachita. Ndinaima ndithu, madzi ali m'chiuno. Kenako ndinamva kuseri kwa khoma madala akugogoda ndi kapu."

Anatuluka m'madzimo, katundu wawo osamugwira n'komwe, kuzungulira kanjira, loko wanga kumuphwanya ndi nkhwangwa. M'chipindamo anapeza khoma litatupa kale, madzi akutuluka pakati pa njerwa kugwera pabulangete. Anawabereka apongozi kumsana, mayi wa zaka pafupifupi makumi asanu ndi limodzi kubereka bambo wamkulu, n'kukwera nawo kanjira madzi akuwakankha. Phazi anadzicheka ndi lata panjirapo. Akuti asanafike n'komwe pageti pawo anamva kumbuyo chikuti gumu.

Ndinalira, ndinapepesa, ndinanena kuti mpanda ndimanga ndine, kuti anthu a lendi akabwera ndiima pamaso pawo ndinene ndekha zimene ndinachita.  Amake Hopewell anangoti madalawa azizidwa, akufunika zovala zouma. A Kingstone anafika nthawi imeneyo ndi nyundo yawo, kuona mulu uja, kusuzumira m'nyumba, n'kuvula chipewa.

Ndinasendera pafupi ndi sofa.

"Bambo, ndabwera. Tiyeni kunyumba ndikakusintheni."

Ndinalowetsa mkono pansi pa mapewa awo kuti ndiwadzutse. Thupi lawo linauma. Dzanja lamanzere, lamoyo lija, linatuluka m'zitenje n'kugwira chitenje cha amake Hopewell, kuchipota pazala. Analankhula kenakake m'Chilomwe, pang'onopang'ono, malovu akutsika pambali pa mlomo, n'kubwerezanso. Ine sindinamve. Ndinafunsa amake Hopewell, amene chilankhulochi anayamwira, kuti akuti chiyani. Poyamba anati n'zopanda pake, ndi kuzizidwa chabe. Ndinaumirira.

"Akuti anakumva Lamulungu ukusalaza simenti. Akuti anakuitana."

N'zoona. Anandiitana kawiri, ndipo ndinawamva bwinobwino. Ndinayankha kuti ndikubwera bambo, n'kumaliza kaye ntchito yanga, kenako ndinawapititsira tiyi. Iwo anayesa kundiuza chinachake akuloza kukhoma, ine ndinati eya, eya, n'kuwapukuta pakamwa. Kuyambira tsiku limenelo anagona masiku atatu pansi pa khoma limene ankadziwa kuti ligwa.

Ndinawayang'ana kumaso ndikuyembekeza kuona ukali. Ukali ndikanaulandira ndi manja awiri, ndikanagwada pomwepo mpaka atatopa nane. Koma sanali okwiya. Ankandiopa. Maso awo ankathawa anga, zala zikukanirira chitenje chija mpaka kuyera, ndipo chimenechi chinandipweteka kuposa mulu wa njerwa uja.

Ndinachotsa mkono wanga pang'onopang'ono, n'kuwabwezera mutu papilo. Amake Hopewell anati ndiwasiye kaye akhale konkuno. Ndinatuluka, kudutsa pomwe panali mpanda, kukawafunira zovala zouma.